Chidindo si umboni, kafunseni kwa mwini kaundula

Munthu akagulitsa firiji ku Mayfair kapena ku Turffontein kuno ku Johannesburg, wogula amamutumizira chithunzi pa WhatsApp chosonyeza kuti walipira. Pali chizindikiro cha banki, tsiku, nambala yaitali, ndiponso dzina lolembedwa bwinobwino. Wogulitsayo amathandiza yekha kukweza katundu m'galimoto. Pakatha masiku awiri kapena atatu ogwira ntchito, nthawi imene ndalama yochokera ku banki ina imayenera kukhala itafika, mu akaunti mulibe kanthu ndipo foni ya wogula uja sikupezekanso. Chinyengo chimenechi sichilira nzeru zambiri. Wakuba amatenga chikalata chenicheni cha malipiro akale n'kusintha dzina ndi chiwerengero pa kompyuta, kapena amatumiza SMS yofanana ndi ya banki. Chimene chimamutsegulira njira ndi chizolowezi chathu cholandira umboni kuchokera m'manja mwa munthu yemweyo amene tikufuna kumutsimikizira.

Amalawi timalemekeza pepala mopitirira muyezo. Tinakula tikudziwa kuti kalata ya amfumu kapena ya kwa DC ikadindidwa ndiye kuti nkhani yatha, ndipo ulemu umenewo tinabwera nawo ku Johannesburg, kumene chidindo chimasemedwa pa ola limodzi. Maganizo anga ndi akuti pepala lililonse lokhudza ndalama kapena chilolezo lizitengedwa ngati mphekesera chabe kufikira titamva kwa amene analitulutsa, kudzera m'njira imene wotipatsa pepalayo sanaigwire. Milandu ikuluikulu ya chinyengo imene inazengedwa m'zaka 100 zapitazi ikuchitira umboni mfundo imeneyi.

Mlandu wofunika kuudziwa bwino ndi wa Alves dos Reis wa ku Portugal. Mu 1924 mnyamatayu, asanakwanitse n'komwe zaka 30, analemba kontilakiti yabodza yonena kuti banki yaikulu ya dzikolo yamulola kusindikizitsa ndalama zothandizira Angola, imene panthawiyo inali pansi pa Apwitikizi. Anapita nayo kwa mkulu wotsimikizira masiginecha, ndipo pambuyo pake maofesi oimira Britain, France ndi Germany anadindapo kutsimikiza kuti siginecha ya mkuluyo ndi yeniyeni. Pepala labodza linadzaza zidindo zenizeni. Anzake ena anapita nalo ku London, ku kampani ya Waterlow and Sons, imene inkasindikizira kale banki ya Portugal ndalama. Kampaniyo inapempha kalata yochokera kwa gavanala wa banki, ndipo kalatayo inabweradi, koma inadzera m'manja mwa anthu omwewo, ndipo anailemba ndi Reis. Atafunsidwa za manambala, anayankha kuti ndalamazo zidzadindidwa mawu oti Angola, choncho palibe vuto ngakhale manambala atafanana ndi a ndalama zina. Waterlow inatulutsa mapepala 200,000 oyambirira a 500 escudo, a nkhope ya Vasco da Gama, pa makina omwewo ndi pepala lomwelo la ndalama za boma. Akatswiri a banki ankaziyang'ana n'kunena kuti n'zabwino, ndipo sankanama, chifukwa zinalidi zenizeni. Chabodza chinali chilolezo chokha.

Reis anatsegula banki yakeyake, n'kuyamba kugula masheya a banki yaikulu ija kuti tsiku lina adzakwirire nkhaniyo ali mkati. Chinamugwetsa mu December 1925 ndi ntchito yotopetsa ya kalaliki: mumzinda wa Porto anaika ndalama pambali pa zinzake n'kupeza mapepala awiri a nambala imodzi. Mu 1930 analamulidwa kukhala m'ndende zaka 20, ndipo mu 1932 khoti lalikulu la ku Britain linalamula Waterlow kulipira banki ya Portugal mapaundi oposa 600,000. Zonsezi zikanapeweka munthu mmodzi wa kampaniyo akanakwera sitima kukafunsa gavanalayo pamaso.

Zimene zinachitika ndi zidindo za Reis ndi zomwe zimachitika tsiku lililonse pa kauntala ya polisi kuno. Wapolisi akadinda pa fotokope, akungonena kuti fotokopeyo ikufanana ndi pepala limene mwamuonetsa. Sakunena kuti pepala loyambalo ndi loona. Akadinda pa afidaviti, akungochitira umboni kuti munalumbira pamaso pake. Zimene mwalembamo sanazifufuze. Munthu akakuonetsani satifiketi ya kampani, chikalata cha nyumba kapena mapepala a galimoto okhala ndi chidindo cha polisi, simunaonebe chilichonse chokhudza mwini weniweni. Kampani imafunsidwa ku CIPC, ofesi ya boma yolembetsa makampani, nyumba ku Deeds Office, kumene kuli kaundula wa eni malo ndi nyumba, ndipo wopereka malangizo a zachuma amafunsidwa ku FSCA, bungwe la boma loyang'anira ntchito za zachuma, pogwiritsa ntchito nambala ya chilolezo chake, yotchedwa FSP. Pamenepanso muchenjere, chifukwa akuba amabwereka nambala ya kampani yeniyeni. Onani ngati dzina, nambala ya foni ndi ntchito zimene FSCA inaloleza zikugwirizana ndi munthu amene ali patsogolo panu, ndipo muimbe pa nambala imene mwaipeza nokha, osati imene yalembedwa pa kapepala kake.

Nkhani ya mapemiti ndiyo imawawa kwambiri, chifukwa wonyengedwayo ndi amene amamangidwa. Mmalawi amalowa m'dziko muno ndi masiku 30. Pempho la chilolezo chogwirira ntchito limafuna kuti mwiniwake aonekere yekha pokapereka mapepala, ndipo chichokereni malamulo a 2014 mlendo wobwera kudzacheza saloledwa, kupatula pa zifukwa zochepa kwambiri, kusintha mtundu wa chilolezo chake ali m'dziko muno. Choncho munthu amene watenga pasipoti yanu Lolemba n'kuibweza Lachisanu ili ndi sitika ya zaka zisanu, inu osaponda pa ofesi iliyonse, wakugulitsani tsoka. Sitikayo ikhoza kukhala yosindikiza kuseri kwa shopu, ikhozanso kukhala yeniyeni yobedwa, koma woona za olowa ndi otuluka pa malire a Beitbridge kapena pa bwalo la ndege la OR Tambo sadalira maso. Amayang'ana nambala mu kompyuta, ndipo ikapezeka kuti kulibe kapena ndi ya munthu wina, nkhani yathera pomwepo. N'chimodzimodzi ndi mapasipoti amene amatumizidwa pa basi kuti akadindidwe kumalire mwiniwake ali ku Rosettenville: chidindo chilipo, koma kaundula wa otuluka ndi olowa sakudziwa za ulendowo. Lamulo la Immigration Act la 2002, ndime 29, limati wopezeka ndi chilolezo chachinyengo ndi munthu woletsedwa kulowa m'dziko muno, ndipo chiletsocho sichitha chokha pakapita zaka. Amachichotsa ndi mkulu wa Home Affairs akakhutira ndi chifukwa chimene mwapereka.

Ena amati bola palibe amene waluza kanthu. Lamulo la kuno silionera choncho. Kupanga chikalata chabodza ndi mlandu, kuchipereka kwa wina ukudziwa kuti n'chabodza ndi mlandu winanso wapadera, ndipo pa mlandu wa chinyengo n'zokwanira kuti wina akanatha kuluza. Mu 1935, pa mlandu wa Dyonta, anthu anayesa kugulitsa magalasi ponama kuti ndi dayamondi kwa munthu amene ankadziwa kale kuti ndi magalasi. Khoti la apilo linati mlandu wa chinyengo ulipobe ngakhale wogulayo sananyengeke.

Pali funso lolemera limene sindingalizembe: nanga kaundulayo akakhala wabodza? Ife a ku Malawi tikulidziwa bwino funsoli. Pa Cashgate mu 2013, anthu a mkati ankalowa mu IFMIS, dongosolo la makompyuta lolipirira zinthu za boma, n'kulemba malipiro a kampani imene sinapereke ngakhale msomali. Cheke chikatuluka ankafufuta zolembazo. Ofufuza a Baker Tilly anapeza kuti m'miyezi 6 yokha, kuyambira April mpaka September, ndalama zoposa K13 biliyoni zinatayika. Kuno ku South Africa, banki ya VBS ya ku Thohoyandou inagwa mu March 2018, ndipo lipoti la loya Terry Motau linasonyeza kuti pafupifupi R2 biliyoni inabedwa. Njira imodzi inali yongolemba mu kompyuta kuti mu akaunti yakutiyakuti mwalowa ndalama pamene simunalowe kanthu, kenako n'kutapa ndalama zenizeni za agogo, magulu a maliro ndi makhonsolo. Mabuku a bankiyo anali atasainidwa ndi owerengera ndalama ochokera ku kampani yotchuka padziko lonse.

Milandu iwiriyi sikugwetsa mfundo yanga koma ikuikulitsa. Zolemba za mu IFMIS zinkafufutika, koma cheke chimene chalipidwa chimasiya mapazi ku Reserve Bank ndi ku banki ya wolandira, kumene wofufutayo alibe mphamvu. Kukanakhala kuti mwezi uliwonse wina ankaika buku la boma pambali pa sitetimenti ya banki n'kufananitsa mzere ndi mzere, dzenjelo likanaoneka msanga. Bernie Madoff wa ku New York, amene anapatsidwa zaka 150 mu 2009, anafunsidwa ndi oyang'anira misika mu 2006 ndipo anawapatsa nambala ya akaunti yake ku bungwe limene limasunga kaundula wa masheya ogulidwa. Iwo sanakafunse kumeneko. Akanafunsa, akanapeza kuti malonda amene ankalemba pa masitetimenti a makasitomala sankachitika. Buku limodzi losungidwa ndi dzanja limodzi limanama mosavuta, likhale la boma kapena la mpingo. Chovuta kunamiza ndi mabuku awiri osungidwa ndi anthu osagwirizana.

Apa ndiye pakhudza magulu athu: chipereganyu cha amayi ogwira ntchito m'nyumba za ku Sandton, gulu la maliro la anthu ochokera ku Mangochi kapena ku Mzimba, thumba lomangira tchalitchi kapena mzikiti. Magulu ambiri msungichuma ndi yemweyo amene amalandira ndalama, kulemba m'buku, kusunga khadi la banki, ndi kuwerenga lipoti pa msonkhano. Munthu woteroyo akhoza kukhala wokhulupirika zaka khumi, koma tsiku limene mwana wake wadwala kumudzi adzabwereka R3,000 n'cholinga chobweza, ndipo popeza palibe woona, mwezi wotsatira adzabwerekanso. Gululo limadzadziwa tsiku limene mtembo uli ku mochale ndipo galimoto yopita kumudzi ikufuna ndalama. Ntchito zimenezi zigawidwe. Wolandira ndalama asakhale wolemba buku. Akaunti ikhale m'dzina la gulu, ya mtundu umene mabanki a kuno amatsegulira masitokofela (magulu osonkha ndalama pamodzi), ndipo ndalama izituluka ndi masiginecha awiri mwa atatu, a anthu osakhala a banja limodzi. Membala aliyense aziika yekha ndalama mu akauntiyo ndi nambala yake ya umembala, m'malo mopereka pamanja pakhomo la tchalitchi. Sitetimenti ya pa msonkhano azikaitenga ku banki ndi munthu wachitatu, ikhale yodindidwa ndi bankiyo, ndipo iwerengedwe mokweza pamodzi ndi buku la mlembi. Chithunzi cha pa foni ya msungichuma si sitetimenti.

Ndikudziwa kuti ambiri amaona ngati kufunsa sitetimenti n'kunyoza mkulu wa mpingo kapena malume amene anatilandira pa Park Station tilibe pogona. Ulemu umenewo ndi wabwino ndipo ndi umene watisunga kuchilendo kuno. Koma dongosolo limeneli limateteza msungichuma woona mtima kuposa wina aliyense, chifukwa tsiku limene miseche idzayambe adzakhala ndi choonetsa. Lamulo likakhazikitsidwa pachiyambi, gulu lisanasankhe munthu, palibe amene amamva kuti akumuloza chala.

Za makampani ochulukitsa ndalama sinditalikitsa, chifukwa masamu ake ndi achidule. Charles Ponzi mu 1920 ku Boston ankalonjeza phindu la 50 peresenti m'masiku 45, ponena kuti amagula makuponi a positi kunja motchipa. Katswiri wina wa zachuma atawerengera anapeza kuti pakanafunika makuponi okwana 160 miliyoni, pamene amene analipo anali pafupifupi 27,000. Mu 1984 kuno kunali Kubus ya Adriaan Nieuwoudt, kumene anthu ankagula ufa woti aziwoletsera mkaka m'matambula, kampani n'kumagulanso zoumazo ponama kuti n'zopangira mafuta odzola, chonsecho inkangozipera n'kuzigulitsanso kwa obwera kumene. MMM inalonjeza 30 peresenti pa mwezi n'kugwa mu 2016. Mirror Trading International inati ili ndi pulogalamu ya kompyuta yochita malonda a bitcoin, n'kugwa mu December 2020. Tengani cholembera: R1,000 ikamakula ndi 30 peresenti mwezi uliwonse imakhala R23,298 pakutha chaka. Amene ali ndi bizinesi yotero sangafune R500 ya mlonda wa ku Randburg. Ndipo ngati aliyense ayenera kubweretsa anthu 6, mzere wa nambala 10 wokha ukufuna anthu oposa 60 miliyoni, pafupifupi dziko lonse la South Africa. Lamulo la Consumer Protection Act la 2008, ndime 43, linaika muyezo woonekeratu: kulonjeza chiwongoladzanja choposa repo rate (chiwongoladzanja chimene banki yaikulu ya dziko imaika) ndi 20 peresenti pa chaka n'koletsedwa, ndipo lamuloli limaletsa kulowamo komwe, osati kuyambitsa kokha. Manambala amene amakwera pa foni yanu m'mapulogalamu amenewa ndi buku lolembedwa ndi dzanja limodzi lija.

Chimene ambiri sadziwa n'chakuti wolowa msanga n'kudyapo sanapulumuke. Krion ya Marietjie Prinsloo ku Vanderbijlpark inkalipira 10 peresenti pa mwezi mpaka inagwa mu 2002 itasonkhanitsa pafupifupi R1.5 biliyoni. Khoti la apilo linagamula kuti phindu limene anthu analandira likhoza kulandidwa ndi otseka kampaniyo, chifukwa inali ndalama ya anzawo yoperekedwa popanda chosinthana nacho. Amene anakopa abale ake amatsala ndi ngongole ku khoti ndiponso udani kumudzi.

Tsopano nkhani imene ndikuiona kuti ndiyo msampha waukulu kwa ife: kubwereketsa akaunti. Abale athu ambiri alibe mapepala otsegulira akaunti, ndiye malipiro awo amadzera mwa mnzawo amene ali nayo. Chifundo chimenechi sindikuchinyoza. Koma pakati pa opempha moona mtima pamalowa wina wonena kuti bwana wake atumiza R40,000, inu mutapeko R1,000 yanu, yotsalayo mumupatse pamanja. Ndalamayo imakhala yobedwa kwa munthu amene ananamizidwa pa Facebook kapena kwa kampani imene inalandira imelo yabodza yosintha nambala ya akaunti. Wobedwayo akadandaula, banki imatseka akaunti yanu ndi malipiro anu omwe ali momwemo, ndipo wapolisi amatsata dzina limene lili pa akauntiyo. Lamulo la Prevention of Organised Crime Act la 1998 silifuna kuti mukhale munkadziwa ndithu. N'zokwanira kuti munthu woganiza bwino akanayenera kuzindikira kuti ndalamayo ndi yakuba, ndipo chilango chimafika zaka 30 kapena chindapusa cha R100 miliyoni. Pa mlandu wa chinyengo choposa R500,000, kapena choposa R100,000 ngati chachitidwa ndi gulu, khoti limayambira pa zaka 15 pokhapokha patakhala zifukwa zamphamvu zochepetsera. Pa Cashgate nawo ena mwa ogwidwa anali a mayina olembedwa pa macheke. Oswald Lutepo, amene m'makampani ake munadutsa K4.2 biliyoni, anapatsidwa zaka 11 mu 2015. Ngati mwavomera kulandirira m'bale malipiro, ndalamayo ichokere mu akaunti ya abwana ake amene mwalankhula nawo nokha, ikhale yofanana ndi malipiro a ntchito imene mukuidziwa, ndipo khadi ndi PIN zisachoke m'manja mwanu. SIM yolembetsedwa m'dzina lanu ndi chimodzimodzi.

Wina anganene kuti zonsezi ndi ntchito ya apolisi ndi makhoti. Ndi ntchito yawodi, koma onani nthawi imene amafika. Prinsloo anapatsidwa zaka 25 mu 2010, patapita zaka 8 Krion itagwa. Tshifhiwa Matodzi, wapampando wa VBS, analandira zaka 15 mu July 2024, patapita zaka 6. Fidentia, imene inkasunga ndalama zoposa R1 biliyoni za akazi amasiye ndi ana a anthu ogwira ntchito m'migodi, inalandidwa m'manja mwa eni ake mu 2007. Mu 2013 khoti linangolipiritsa mkulu wake J Arthur Brown R150,000, ndipo zinatengera khoti la apilo mu December 2014 kuti asinthe chilangocho kukhala zaka 15. Pofika nthawi imeneyo ana ambiri amene ankayembekeza fizi anali atapyola msinkhu wa sukulu. Kwathu mlandu wa K1.7 biliyoni wa mtsogoleri wakale Bakili Muluzi unathetsedwa mu 2023 usanafike pa chigamulo, patapita zaka zoposa 10. Milandu ya ndalama imachedwa chifukwa umboni wake ndi mapepala masauzande, ndipo chikalata chilichonse chimafuna munthu wodzalumbira kuti chinachokera kuti.

Amene wabedwa kale achitepo kanthu tsiku lomwelo. Aimbe ku nthambi ya zachinyengo ya banki yake ndalama isanatapidwe mbali inayo, chifukwa ikatuluka pa ATM sibwereranso. Asafufute mauthenga a pa WhatsApp ngakhale akumuchititsa manyazi, asunge nambala ya akaunti imene anatumizako, atenge sitetimenti yodindidwa, alembe masiku ndi ziwerengero motsatana, ndipo akatsegule mlandu n'kulandira nambala ya mlanduwo ku polisi, yotchedwa CAS. Akuba amasankha dala anthu opanda mapepala podziwa kuti amaopa kuponda pa polisi, ndipo mantha amenewo ali ndi maziko. Ngati obedwa ndi ambiri, asonkhanitse umboni wawo pamodzi ndipo amene mapepala ake ali bwino atsogole kukadandaula. Chovuta kwambiri kuchitsata ndi ndalama imene inaperekedwa pamanja m'galimoto kapena kuseri kwa tchalitchi popanda risiti kapena mboni, chifukwa woimira boma pa khoti la milandu ya zachuma ku Palm Ridge amasowa poyambira, ngakhale anthu 50 atalumbira kuti anapereka.